Kumwetulira kwa Mayi Mbee

Chitsiriza ankadana ndi otsatsa malonda monga momwe anthu ena amadanira ndi udzudzu. Akaona chikwangwani chamumsewu chosonyeza banja lonse likusekerera botolo la mafuta ophikira, ankaima n'kuchiyang'ana ndi diso loipa ngati chamutukwana. M'chipinda mwake, chilichonse chokhala ndi dzina la kampani anachimata tepi yakuda: laputopu, ketulo, ngakhale nsapato. Nsapatozo zinali zodula ndithu, ndipo aliyense ankadziwa kampani yake pongoona kasokedwe, koma zimenezo simukanayerekeza kumuuza.

Ntchito yake inali yopanga mafilimu aafupi, aja oti mukatha kuonera mumayang'ana mnzanu kuti ayambe ndiye kulankhula. Ina inali ya furiji yopanda kanthu ikungolira yokha m'shopu. Ina inali ya kangolo kogulira zinthu kakuyenda kokha pamalo oimika magalimoto mpaka kukagunda khoma. Anzake ankati mafilimuwo ndi ozama kwambiri. Mayi ake anaonerako ya furiji ija mpaka kumapeto, kenako anafunsa ngati furijiyo inapeza woigula.

Tsono nkhani inagona pa mayi akewo. Dzina lawo lenileni anthu analiiwala kalekale, aliyense ankangowatcha Mayi Mbee. Chitsiriza asanabadwe, iwo anali mtsikana wochapa zovala pa hotela ina. Anthu a kampani ya sopo wotchedwa Mbee anawaona akuyanika nsalu, nawatenga kuti akhale nkhope ya sopo wawo. Kwa zaka zingapo nkhopeyo inali paliponse, pa zikwangwani, pa makalendala ndi pa TV, mano onse pamtunda, akunena kuti, "Ndi Mbee, zonse mbee!" Kampaniyo inatha, sopoyo anasowa m'mashopu, iwo anabwerera ku beseni kukachapira anthu, koma dzina linatsala. Chithunzi cha pa kalendala chinali m'felemu pabalaza, pamwamba pa chithunzi cha ukwati wawo.

Chitsiriza atapeza kanema wakale wa sopo uja, maganizo anamubwerera onse nthawi imodzi. Adzamuonetsa kanemayo pang'onopang'ono, kumwetulira kuja kutalike mpaka kuyambe kuseketsa ndi kuopsa. Kenako adzaonetsa mayi yemweyo lero, atatopa, nkhope ili ndwii, akuchapa m'madzi akuda. Anthu adzaona okha kuti zonse zija zinali bodza. Dzina la filimu analipeza kale: Zonse Bii. Chinangotsala chinali kuwauza eni nkhope kuti chithunzi chawo cha m'felemu chikukasekedwa pagulu.

Mawu anawakonza bwinobwino ali m'basi, ndipo anali mawu aulemu. Anawapeza mayi ake akupinda zovala za makasitomala awo pabalaza.

"Amayi, ndikufuna mukhale mu filimu yanga. Ndi yokhudza sopo uja."

Sanapitirire pamenepo. Mayi Mbee anaponya thaulo pampando, nadzuka ngati mtsikana.

"Ndinkadziwa ine! Ndinkadziwa kuti tsiku lina adzandifunanso. Ndiye kuti mwana wanga yemwe ndi amene wandikumbukira? Bwera kuno, iwe!"

Anamukumbatira mwamphamvu, fungo la zovala zositasita lili thoo. Mawu onse a m'basi muja anabwerera kum'mero. Chitsiriza anadziuza kuti awauza mawa, akakhazikika. Paja amati zengerezu adalinda kwawukwawu. Mawa linafika, n'kudutsa, mpaka tsiku lojambula linakwana asanatsegule pakamwa.

Anagwirizana zojambulira kuseri kwa nyumba, pampopi pomwe mayiwo ankachapira masiku onse. Panali beseni lachitsulo lophwanyika mbali imodzi, kampando kamiyendo itatu, ndi chingwe choyanikira chomangidwa ku mtengo ndi ku zenera la bafa. Chitsiriza anafika ndi mnzake wojambula, mnyamata wamtali yemwe onse ankamutcha Wandevu, chifukwa nkhope yake inkayambira m'maso n'kuthera m'nkhalango. Anadikira pang'ono, kenako geti linatseguka. Mayi Mbee analowa akuchokera ku saluni, tsitsi litaima ngati keke ya ukwati, milomo ili psuu, atavala diresi lomwe ankalisungira zinthu zikuluzikulu.

"Amayi, mwavala chiyani? Ndinati muvale zija mumachapira."

"Zija zong'ambika m'khwapa? Anthu aziti mwana wanga sandisamala?"

Anakangana mpaka anagwirizana pakatikati: diresi livulidwe, tsitsi litsale. Atakhala pa kampando, anayamba kulangiza Wandevu ntchito yake.

"Mwana wanga, nyaliyo iike kuno. Mbali yanga yabwino ndi iyi. Mbali inayi ndi ya achibale okha."

Wandevu anasuntha nyali osafunsa n'komwe kwa mwini filimu. Chitsiriza anawapatsa sopo yemwe anali atamumata tepi yakuda pa dzina. Iwo anamutembenuza uku ndi uku, namunyamula pafupi ndi tsaya, tepi yakudayo italoza ku kamera mwaulemu wonse.

"Musamunyamule, Amayi. Ingochapani basi, ngati kuti kulibe aliyense. Ndipo musamwetulire."

"Ndisamwetulire? Nanga anthu agula bwanji?"

"Sitikugulitsa kanthu."

"Ndiye tikujambuliranji?"

Apa ndiye panali pakhomo potseguka, poti Chitsiriza akanangolowa n'kunena zonse. Anayang'ana tsitsi lija, nayang'ana milomo yofiira ija, mtima unamulephera.

"Ndi kajambulidwe ka masiku ano, Amayi."

"Oo. Kozama kaja."

Anayesetsa ndithu, tisawanamizire. Kamera isanayambe ankakwinya nkhope bwinobwino, ngati munthu woti wauzidwa kuti mvula yagwera zovala zouma kale. Koma Wandevu akangoti, "Tayamba," milomo inkatseguka yokha, mutu n'kupendekera kumanja pang'ono, maso n'kuwala. Sankachita dala. Thupi linaphunzira kalekale kuti kamera ikayaka munthu amamwetulira, ndipo silinkafuna kumva za sukulu ina.

"Ganizirani chinthu chomvetsa chisoni," anatero Chitsiriza.

"Monga chiyani?"

"Tsiku lija magetsi anapsereza TV yanu."

Nkhope inagwa nthawi yomweyo, mpaka Chitsiriza anamva chisoni. Anakodola Wandevu mwakachetechete kuti ayambe. Kamera inangoti tii, kaphokoso koti ngakhale mphaka sakanakamva, ndipo mano onse anabwerera pamtunda. Anayesa kuwanamiza kuti akupuma kaye, Wandevu n'kuika kamera pa njerwa ngati waiiwala. Mayi Mbee anachapa malaya awiri ali duu, kenako anatembenukira ku njerwa kuja n'kuimwetulira. Kamera ankaimva m'thupi monga nkhuku imamvera kabawi.

Choipitsitsa n'choti Wandevu anali atagwa nawo m'chikondi. Ankaseka m'ndevu zake, akumati, "Amayi, inu ndi katswiri. Kamera imakukondani." Iwo n'kumayankha kuti, "Auze abwana akowo." Dzuwa linakwera, thovu linaphwa, tsitsi linayamba kupendama mbali imodzi. Chitsiriza anapsa mtima. Anapita pa kamera, naigwira pamphuno, naiweramitsa pansi.

"Jambula beseni lokha," ananong'ona. "Nkhope isiye."

Wandevu anamuyang'ana, napitiriza kujambula. Mayi Mbee sanaone kusintha kulikonse. Anapitiriza kuchapa, akumwetulira kamera yomwe inali itasiya kale kuwayang'ana, akupendeketsa mutu, nthawi zina akukweza nsidze monga ankachitira kale. Chitsiriza anaima pambali, ndipo mkwiyo wake unasanduka manyazi. Anadziona kuti ndi mwana woipa, koma sanaimitse kujambula.

Atakhala pa laputopu kulumikiza zidutswa, anapeza kuti zomwe anajambula mokwiya zija ndizo zinali zabwino kuposa zonse zomwe anakonzekera. Zimenezi zinangowonjezera katundu. Poyamba anali ndi chinsinsi chimodzi, tsopano zinali ziwiri: filimu ikuseka kanema wa mayi ake, ndipo nkhope yomwe anakaikonzera ku saluni mulibemo ngakhale pang'ono. Akaganiza zoichotsa pa ndandanda ya chionetsero cha mafilimu aafupi chomwe anzake ankakonza, mtima unkakana, poti inali filimu yake yoyamba yomwe iye mwini ankaikhulupirira. Akaganiza zoisiya, ankaona felemu ija pabalaza. Anagwira njakata.

Uku mayi ake anali atalengeza kale. Anauza mayi wa pasaluni, ndipo kuuza mayi wa pasaluni n'chimodzimodzi kuika pa wailesi. Anauza anzawo a kwaya, anauza makasitomala, anauza ngakhale wowerenga mita ya madzi.

M'mawa wa tsiku lachionetsero, Chitsiriza anawapeza akusita malaya ake akuda, omwe iye ankawavala dala osasita.

"Amayi, filimu ija si monga mukuganizira."

"Ndikudziwa, ndi yozama. Usade nkhawa, sindikuchititsa manyazi. Ndikaona anzako akuomba m'manja, nanenso ndiomba."

"Si zimenezo. Ndikutanthauza kuti..."

"Tagwira apa, kolala yako yapindika ngati khutu la galu. Mwana wa munthu wochapa sangaime pagulu chonchi."

Anagwira kolala, ndipo nkhani inathera pomwepo.

Chionetsero chinali masana, m'chipinda chachikulu pamwamba pa shopu ya zitsulo. Mazenera anawatchinga ndi mabulangete, purojekita anaiika pa makatoni. Zakumwa zinaperekedwa ndi kampani ina ya zoziziritsa kukhosi, yomwe inatumizanso chinsalu chokhala ndi dzina lake. Anyamata okonza chionetsero anachipachika chinsalucho chitayang'ana kukhoma posonyeza kuti iwo sagulidwa, koma zakumwazo anamwa. Kumbuyo kunakhala achinyamata ovala zakuda, a nkhope zoganiza. Mizere yakutsogolo inadzaza ndi amayi a kwaya atavala zowala, zikwama pamiyendo, Mayi Mbee ali pakati pawo ngati mkwatibwi.

Inayamba filimu ya mnyamata wina akudya timapepala ta mitengo ya zinthu, kamodzikamodzi, akutafuna mofatsa.

"Ameneyu alibe kwawo?" anafunsa mayi wa pasaluni mokweza.

Inatsatira ya chidole cha m'shopu ya zovala chikuvulidwa ndi kuvekedwa, kuvulidwa ndi kuvekedwa, mpaka mayi wina wa kwaya anayamba kusinza. Chitsiriza anaima kumbuyo kwenikweni pafupi ndi chitseko. Cha mayi ake chomwe ankaona chinali tsitsi lokha, litakonzedwanso mwatsopano.

Kenako inafika yake. Kanema wakale uja anayamba monga analili: mtsikana wokongola, sopo pafupi ndi tsaya, manja osalala a zikhadabo zopaka utoto akuseweretsa thovu, nsalu yoyera ikuuluzika. "Ndi Mbee, zonse mbee!" Mizere yakutsogolo inaphulika. Anaomba m'manja, ena anaimirira, wina anawagwedeza Mayi Mbee paphewa mpaka ndolo zinavina.

Kanemayo anabwereranso, koma tsopano pang'onopang'ono. Milomo inatseguka mochedwa, mano akutuluka limodzilimodzi. Mawu aja anatsika, nakhala okhuthala, otalika, ngati kulira kwa ng'ombe yomwe yatsekeredwa m'khola. Anabwereranso kachitatu, mochedwa kuposa pamenepo, kumwetulira kuja kutakakamira pakhoma osatha, mpaka munthu n'kuyamba kuona kutopa m'masaya. Achinyamata akumbuyo anaseka kwambiri, wina mpaka kumenya mpando. Amayi a kwaya anayamba nawo kuseka, poganiza kuti makina awonongeka. Atazindikira kuti ndi dala, anasiya mmodzimmodzi, n'kumayang'ana mnzawo cham'mbali. Tsitsi lija silinagwedezeke.

Phokoso linaduka, pakhoma panabwera beseni. Munalowa manja awiri, akuda, otupa m'mfundo, khungu la m'zala litachita ming'alu yoyera, chala chimodzi chopindika pang'ono. Anagwira kolala ya malaya a munthu wina, naipaka sopo, naitikita pa chikhatho, naiviika, naitulutsa, naiyang'anitsa ndi chala chachikulu ngati kuti chalacho chili ndi diso. Panalibe nyimbo, koma madzi okha ndi kulira kwa beseni likagunda simenti. Manjawo sankadziwa kuti akujambulidwa. Anafinya malaya, mitsempha n'kutuluka, madzi akuda n'kuyenderera mpaka m'zigongono, kenako anatenga ena. Zinatenga nthawi yaitali, ndipo m'chipindamo munali zii. Ngakhale uja womenya mpando anakhala phee.

Magetsi atayaka, achinyamata anaomba m'manja mwamphamvu. Mayi Mbee sanaombe.

"Nanga nkhope?" anatero mayi wa pasaluni, akutembenuka kufunafuna Chitsiriza. "Tsitsi lonse lija ndinavutika nalo m'mawa wonse lapita kuti? Ana inu muli ndi ulemu koma?"

Wokonza chionetsero analengeza msangamsanga kuti zakumwa zatsala panja pakhonde, ndipo anthu anatuluka mothithikana, amayi a kwaya akung'ung'udza. Ena anamugwira Chitsiriza dzanja pachitseko, akumuuza mawu akuluakulu omwe iye sanawamve n'komwe. M'chipinda munatsala Wandevu akukulunga mawaya, ndi Mayi Mbee atakhala pomwe anali, chikwama pamiyendo. Chitsiriza anayenda pakati pa mipando, nakaima patsogolo pa mayi ake.

"Amayi."

"Wandisandutsa ng'ombe."

"Pepani, Amayi. Ndimafuna kukuuzani kuyambira tsiku loyamba lija."

"Pakamwa unali utamatapo tepi?"

Chitsiriza anayang'ana pansi.

"Anzako aseka mpaka ndawaona m'kamwa monse. Pamaso pa anzanga a kwaya. Zandipweteka, Chitsiriza, usaganize kuti sizinandipweteke. Chithunzi chija ndi chokhacho chomwe anthu amandidziwira. Ukanandiuza, mwina ndikanakana, mwina ndikanalola, koma ndikanabwera nditadziwa, osati kudzakhala kutsogolo ngati mbuzi yokondwa amalonda ali pakhomo."

Misozi inamutsika Chitsiriza osaiitana. Anati aichotsa filimuyo, sadzaionetsanso kwina kulikonse, ndipo ankanena zoona ngakhale mawuwo ankamuwawa potuluka. Mayi ake anasuzumira kumbali kwake, nakweza mawu.

"Iwe wa ndevu! Usazule mawayawo. Tabwezera."

"Yonse, Amayi?"

"Pa ng'ombe paja udumphe. Uyambire pa beseni."

Wandevu anayang'ana Chitsiriza, Chitsiriza anayang'ana mayi ake. Iwo anatsegula chikwama, natulutsa kampango, namupatsa mwana wawo osamuyang'ana.

"Manja aja a pa sopo, osalala aja, waona? Si anga."

"Si anu bwanji?"

"Bwana wojambula atangoona anga anati, 'Awa ayi, abiseni.' Ndinali nditachapa nsalu za hotela kuyambira ndili kamtsikana, ukuganiza ankaoneka bwanji? Anakaitana mtsikana wa mu ofesi mwawo, woti sanafinyepo ngakhale sokosi. Anagwada kumbuyo kwanga, n'kulowetsa mikono yake m'khwapa mwangamu, iye ndiye n'kumanyamula sopo ndi kuseweretsa thovu. Ine tsiku lonse manja kumbuyo ngati wakuba wagwidwa pamsika, iye akundipumira pamsana. Ine pa kanema uja ndinangobwereketsa mano."

Wandevu anaseka mwangozi, kenako anadzigwira pakamwa. Mayi Mbee nawonso anatulutsa kamphepo m'mphuno, kosafika pa kuseka.

"Bwanji simunandiuzepo?" anafunsa Chitsiriza.

"Ndikanauza ndani? Ngakhale bambo ako anamwalira akukhulupirira kuti manja anga anaonongeka chifukwa cha matewera anu. Ndinawasiya, zinkandithandiza pa mikangano." Anatambasula manja awo, nawayang'ana. "Nkhope yanga dziko lonse linaiona mpaka kutopa nayo. Koma awa, amene anakulerani nonsenu, palibe anawajambulapo. Nanenso sindinawaonepo chonchi. Munthu ukamachapa umayang'ana kolala, suyang'ana manja."

Wandevu anazimitsa magetsi. Purojekita inalira, phokoso la madzi linadzazanso chipinda chopanda anthu. Panja pakhonde mayi wa pasaluni ankamvekabe akufotokozera wina za tsitsi. Chitsiriza anali ataimabe pomwe paja, kampango m'manja, kuwala kwa purojekita kukumumenya paphewa.

"Amayi, ndiye mwandikhululukira?"

"Pepani wako ndamumva, ndimuyankha ndikapuma. Ndipo anzanga a kwaya ukawafotokozera wekha, mmodzimmodzi, ine sindilowererapo."

Anamugwira pamkono ndi dzanja lokhakhala lija, namukokera pampando wapafupi.

"Khala pansi, ukunditchinga."